MBIRI YA KAMPANI YA HANNA-BARBERA

Ku dziko la America kunali kampani yochuka yopanga makatuni, ndiye kuti zithunzi zojambula pamanja zimene zioneka ngati zirikuyenda ndi kulankhula. Dzina lace inali Hanna-Barbera. Inayamba m'caka ca 1957, nigwira nchito zaka 44, ndipo lero kulibenso. Mbiri yace ionetsa umo anthu awiri anapezera njira ya kukhalira ndi moyo pamene nchito yao inatha mwadzidzidzi, ndiponso cimene njirayo inataitsa anzao.

Amuna Awiri

William Hanna anabadwa m'caka ca 1910 ku New Mexico, ndipo Joseph Barbera anabadwa m'caka ca 1911 mu mzinda wa New York. Anakomana m'caka ca 1937 pa kampani yaikulu ya kanema ya MGM ku California. Barbera anali katswiri wa kujambula ndi kupeka nthabwala. Hanna anadziwa kuyeza nthawi, kuti cinthu ciri conse cicitike pa kamphindi kace. Mutu umodzi susenza denga: cimene wina anasowa, mnzace anali naco.

M'caka ca 1940 iwo anapanga katuni ya mphaka wothamangitsa mbewa. Anthu anaikonda kwambiri, ndipo nyama ziwirizo zinapatsidwa maina akuti Tom ndi Jerry. Hanna ndi Barbera anapanga makatuni 114 a Tom ndi Jerry, ndipo 7 mwa iwo analandira mphoto ya Oscar, ndiyo mphoto yoposa zonse pa nchito za kanema.

Koma m'zaka zimenezo mabanja ambiri a ku America anagula televizioni, naleka kupita kawirikawiri ku nyumba za kanema. Akulu a MGM anaona kuti kuonetsanso makatuni akale kunabweretsa ndalama popanda kulipira wojambula ali yense. Cotero m'caka ca 1957 anatseka cigawo ca makatuni, ndipo anchito onse anacotsedwa.

Njira Yatsopano

Hanna ndi Barbera sanakhale pansi. M'mwezi wa July caka comweco anatsegula kampani yaoyao, naitana ambiri a anzao aja. Anafuna kupanga makatuni a pa televizioni, koma bvuto linali ndalama. Katuni imodzi ya Tom ndi Jerry inali kudya madola ngati 35,000, pamene eni televizioni anabvomera kulipira madola ngati 3,000 okha pa katuni ya mphindi 5.

Kuti munthu amvetse bvutoli ayenera kudziwa umo katuni ipangidwira. Makina a kanema aonetsa zithunzi 24 pa sekondi imodzi. Cithunzi ciri conse cisiyana pang'ono ndi cinzace, ndipo zikamatsatana msanga diso linyengedwa, niliona ngati cinthu cirikuyenda. Cifukwa cace katuni yaifupi inafuna zithunzi zikwi zambiri, ndipo zonsezo zinajambulidwa ndi manja a anthu.

Tsono amuna awiriwa anaganiza kucepetsa zojambula. Zithunzi zinali kujambulidwa pa timapepala toonekera ngati galasi, timene tinali kusanjikizidwa. Iwo anajambula thupi la nyama kamodzi kokha, nalisiya ciimire. Mutu, kamwa ndi maso anazijambula pa timapepala tina, nasintha izi zokha. Ici ndico cifukwa cace nyama zao zambiri zibvala kolala ndi tayi: kolalayo ibisa malo amene mutu ulumikizana ndi thupi. Nyama ikamathamanga, mtengo womwewo ndi nyumba yomweyo zinali kubwerabwera kumbuyo kwace.

Akale anati, ukaipa dziwa nyimbo. Popeza zithunzi sizinayende kwambiri, kampaniyo inaika mphamvu pa mau ndi nthabwala. Inalemba nchito amuna aluso monga Daws Butler ndi Don Messick, amene yense anatha kulankhula ndi mau a nyama zambiri. Wojambula wina wochuka, Chuck Jones, ananyoza makatuni otere, nati ali ngati wailesi yokhala ndi zithunzi. Koma ana sanasamale zimenezo.

Zaka za Ulemerero

Pulogalamu yao yoyamba, ya mphaka ndi galu, dzina lace Ruff and Reddy, inaoneka m'mwezi wa December 1957. M'caka ca 1958 kunadza Huckleberry Hound, galu wofatsa wa mtundu wa buluu, ndipo m'caka ca 1960 pulogalamu imeneyi inakhala katuni yoyamba kulandira mphoto ya Emmy. Momwemo munaonekanso Yogi Bear, cimbalangondo cakuba kamba wa alendo odzaceza m'nkhalango.

Pa 30 September 1960 inayamba The Flintstones, nkhani ya banja la m'nthawi zamakedzana, pamene zipangizo zonse zinali zamiyala. Mwamuna wa m'banjamo, Fred, anali kugwira nchito yoswa miyala, ndipo galimoto lace anali kuliyendetsa ndi mapazi. Pulogalamu imeneyi inaonetsedwa madzulo, nthawi imene akulu apenya televizioni, nikhala zaka 6 ndi zigawo 166. Pambuyo pace panadza Top Cat mu 1961, The Jetsons mu 1962, Jonny Quest mu 1964, ndi Scooby-Doo, galu wamkulu wamantha, mu 1969. M'caka ca 1981 anayamba The Smurfs, tianthu tabuluu timene Peyo wa ku Belgium anatipeka.

M'caka ca 1966 eni ace anagulitsa kampaniyo kwa Taft Broadcasting pa mtengo wa madola 12 miliyoni, koma anapitiriza kuiyang'anira. Inakula kotero kuti makatuni ambiri amene ana a ku America anapenya Loweruka m'mawa anali ocokera kumeneko.

Kudandaula kwa Anchito

Nchito itacuruka, akulu a kampani anafunanso njira zina zocepetsera ndalama. Anayamba kutumiza nchito ya kujambula ku maiko akutali kumene malipiro anali ocepa: ku Australia, ku Taiwan, ndipo pambuyo pace ku Philippines. Ojambula a ku California anaona kuti nsima yao irikucoka pakamwa. M'caka ca 1979 bungwe lao linanyanyala nchito, nilipeza pangano la kuteteza nchito zao. M'caka ca 1982 ananyanyalanso masabata 10, koma ulendo uno analephera, ndipo nchito yambiri inapita kunja. Cotero kampani imene inayambidwa ndi anthu ocotsedwa nchito inakhala imodzi mwa zimene zinataitsa ena nchito.

Kutha kwa Kampani

Pa zaka za m'ma 1980 makampani ena anacuruka, ndipo Hanna-Barbera inayamba kucepa mphamvu. M'caka ca 1991 kampani ya Ted Turner pamodzi ndi anzace inaigula pa madola 320 miliyoni. Cimene Turner anafuna makamaka ndico nkhokwe ya makatuni akale, ndipo m'caka ca 1992 anatsegula Cartoon Network, imene inaonetsa makatuni usana ndi usiku. Anyamata atsopano anapatsidwa mwai, napanga Dexter's Laboratory mu 1996 ndi The Powerpuff Girls mu 1998.

M'caka ca 1996 kampani ya Turner inalowa m'manja mwa Time Warner, imene inali nayo kale nyumba yace yopangira makatuni. William Hanna anamwalira m'mwezi wa March 2001, ndipo caka comweco Hanna-Barbera inamezedwa ndi Warner Bros. Animation. Joseph Barbera anagwirabe nchito kumeneko kufikira imfa yace m'mwezi wa December 2006, ali ndi zaka 95.

M'caka ca 2021 dzina la Hanna-Barbera linapatsidwa kwa nyumba yina ya makatuni ku London, koma imeneyo si kampani yakale ija. Zimene zinatsala ndizo nyama zimene amuna awiri aja ndi anchito ao anajambula. Scooby-Doo apangidwabe ndi ojambula ena, ndipo ana a m'maiko ambiri adziwa dzina la galuyo, ngakhale sadziwa maina a anthu amene anamjambula poyamba.