Ninja amene ankadzaza nyumba ya vidiyo pa Chintheche

Adzukulu anga, wailesi yakanema ya dziko lino inayamba mu 1999, ife tili kale ndi ana. Zisanatero, mafilimu tinkakaonera m'kanyumba ka vidiyo pa Chintheche, mazenera atatchinga ndi mabulangete, jenereta ikulira kuseri. Ukagulitsa usipa wako, tindalama totsala unkapereka pakhomo n'kukapanikizana pa benchi. Chingerezi ambiri sitinkachimva. Tinkangotsatira nkhonya.

Amene ankadzaza nyumbayo anali munthu wovala zakuda, nkhope yonse yobisa, maso okha ali pamtunda. Ana ankati ndi Mtchaina, pakuti kwa ife aliyense womenya karate anali m'bale wake wa Bruce Lee. Iyayi. Uyu anali Sho Kosugi, Mjapani, wobadwira ku Tokyo mu 1948.

Karate anayiyamba ali mwana, ndipo ali ndi zaka 19 anasiya kwawo n'kupita ku Los Angeles, ku America. Apa mpomwe ine ndimamumvera chisoni ndi kumulemekeza. Kuno kwathu, kuchokera ku Usisya mpaka ku Kande, mabanja ambiri anali ndi munthu wawo ku Joni kapena ku Harare. Azigogo anu ankapita wapansi, kukaphikira azungu, kukalemba m'maofesi a migodi, ena osabwerako. Kosugi nayenso anatha zaka kudziko la eni akuphunzitsa karate, m'mafilimu akungooneka pang'ono, dzina lake palibe wolitchula.

Mwayi unamupeza mu 1981, mu filimu ya Enter the Ninja. Koma taonani, anamupatsa mbali ya munthu woipa! Ngwazi anaika mzungu wa ku Italy, Franco Nero, yemwe sanali katswiri wa karate, moti zomenyana zovuta ankamumenyera wina. Oonera sanapusitsike, anaona okha amene ankaidziwa ntchito. Pofika 1983, mu Revenge of the Ninja, filimu inali yake, ndipo mwana wake weniweni, Kane, ndiye anakhala mwana wake m'menemo. Kenako kunabwera Pray for Death mu 1985, ndi Black Eagle mu 1988, momwe analimbana ndi Jean-Claude Van Damme.

Matepi amenewa ankatipeza mochedwa, atatopa kale, zithunzi zikunjenjemera. Komabe m'mawa mwake ukapita kugombe unkapeza anyamata atamanga chitenje cha amayi awo kumaso, akudumpha kuchokera pa bwato lina kugwera pa lina, asodzi akuwakalipira chifukwa cha maukonde.

Kunena zoona, nkhani za m'mafilimuwo sizinali zozama: amuphera abale, iye abwezera, basi. Koma thupi lake linali lophunzitsidwa, panalibe chinyengo cha kompyuta. Mu 2009, ali ndi zaka 61, anaonekanso mu Ninja Assassin, ulendo uno ngati mkulu wankhanza wophunzitsa ana kupha.