MAYI MARY QUANT NDI MBIRI YA SIKETI YAIFUPI

Anzanga ophunzira akale, ambirife tikamva za phunziro la mbiri timakumbukira mafumu, nkhondo ndi zaka zimene tinkaloweza pokonzekera mayeso. Nkhani ya zovala sinkapezeka m'mabuku amenewo. Komatu m'chaka cha 1973 Nyumba ya Malamulo ya dziko lino inakhala pansi n'kupanga lamulo lokhudza kutalika kwa siketi. Chovala chimene chinautsa mapiri pachigwa choterechi chinatchukira m'kasitolo kena mumzinda wa London, ndipo mwini kasitoloko anali Mayi Mary Quant. M'kope lino ndati tikumbutsane za moyo ndi ntchito ya mayi amenewa.

Mwana wa aphunzitsi

Mayi Quant anabadwa pa 11 Febuluwale 1930 ku London. Bambo awo a Jack ndi mayi awo a Mildred anali ochokera ku Wales, m'mabanja a anthu ogwira ntchito m'migodi. Onse awiri anatukuka chifukwa cha sukulu: anakhoza bwino ku yunivesite ya ku Cardiff ndipo anadzakhala aphunzitsi ku London. Choncho pamene mwana wawo ananena kuti akufuna kuphunzira zosoka ndi kukonza masitayilo a zovala, makolowo anakana kwamtuwagalu. Kwa iwo ntchito ya singano sinali tsogolo la mwana wophunzira. Atakambirana, anamulola kupita ku Goldsmiths College kukaphunzira zojambulajambula, poganiza kuti mwina adzakhala mphunzitsi wa phunzirolo.

Uphunzitsiwo sanaufune. Kukolejiko anakumana ndi mnyamata wina wa m'banja lotchuka, a Alexander Plunket Greene, amene anadzakwatirana nawo mu 1957. Atachoka pakoleji analowa ntchito ya malipiro ochepa kwa mmisiri wosoka zipewa za amayi olemera, dzina lake Erik, m'dera la Mayfair. Kumeneko anaona kuti chipewa chimodzi chinkatha masiku angapo chikusokedwa, chonsecho chokavala munthu mmodzi yekha wa ndalama. Iwo ankalakalaka kusokera atsikana wamba a msinkhu wawo.

Mmene zinthu zinalili

Kuti timvetse chimene mayiwa anasintha, tiyenera kudziwa mmene anthu a ku Britain ankavalira nthawi imeneyo. Kuyambira mu 1941 mpaka 1949 boma linkachita kugawa makuponi ogulira zovala chifukwa cha nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, ndipo nsalu inali yosowa. Mwini mawu pa nkhani ya fashoni unali mzinda wa Paris. Mu 1947 a Christian Dior anatulutsa sitayilo yotchedwa New Look: diresi lothina m'chiuno, lotambalala kumunsi, lalitali kupitirira mawondo, lodya nsalu yambiri. Olemera ankasoketsa ku Paris, ena onse ankangotengera. Mtsikana akamaliza sukulu ankavula yunifolomu n'kuyamba kuvala chimodzimodzi mayi ake, chipewa kumutu, magolovesi m'manja. Zovala za achinyamata paokha kunalibe.

Sitolo ya Bazaar

Mu 1955 Mayi Quant anatsegula sitolo yotchedwa Bazaar pa msewu wa King's Road ku Chelsea. Paja mutu umodzi susenza denga. Anali atatu: iwowo pa zovala, a Plunket Greene pa kuitanira malonda, ndi mnzawo a Archie McNair, amene anaphunzira zamalamulo, pa kayendetsedwe ka bizinesi. Poyamba mayiwa ankangopikula zovala kwa ena n'kumagulitsa, koma zimene ankafuna sizinkapezeka. Ndiye anayamba kusoka okha m'kachipinda kamene ankagonamo, uku akuphunzira kudula nsalu pasukulu yamadzulo. Nsalu ankagula m'sitolo yodula ya Harrods pa mtengo womwe aliyense ankagulira, osati wopikula. Ankasoka usiku, kutacha n'kupita nazo kusitolo, ndipo ndalama za tsikulo ndi zomwe zinkagula nsalu ya mawa. Telala aliyense wa pakhonde la sitolo kwathu kuno akuudziwa moyo umenewu.

Zovala zake zinali zosavuta kuvala. Ena mwa madiresi awo otchuka anawatengera ku yunifolomu ya atsikana a sukulu, diresi lija lopanda manja lovalira pamwamba pa bulauzi. Ankagwiritsanso ntchito nsalu za masuti a abambo, kuika matumba pa madiresi, ndi kulimbikitsa nsapato zopanda gogoda. Cholinga chawo chinali choti mtsikana wapantchito athe kuthamangira basi m'mawa ndi kukavina madzulo osasintha chovala. M'sitolomo munkalira nyimbo ndipo ankatseka usiku. Akuluakulu ena odutsa pamsewu ankagogoda pagalasi ndi maambulera awo posonyeza kunyansidwa, koma atsikana ankangodzazana. Mu 1957 anatsegula sitolo yachiwiri ku Knightsbridge.

Kodi anayambitsa mini ndani?

Siketi sinafupike tsiku limodzi. Inkakwera pang'onopang'ono kuyambira kumapeto kwa zaka za m'ma 1950, ndipo pofika mu 1966 inali pamwamba penipeni pa mawondo. Akatswiri a mbiri ya zovala sagwirizana za amene anayamba. Ena amatchula a André Courrèges a ku Paris, amene anaonetsa madiresi aafupi mu 1964, ndipo ena amatchula a John Bates a ku London komweko. Mayi Quant eni ake ankati anayambitsa ndi atsikana a pa King's Road, popeza iwo akasoka, ogulawo ankapempha kuti afupikitsenso. Dzina loti mini ankati analitenga ku galimoto yaing'ono ya Mini imene ankaikonda kwambiri.

Chimene palibe amatsutsa n'chakuti mayiwa ndiwo anafikitsa chovalachi kwa anthu wamba. Mu 1962 anagwirizana ndi kampani ya J.C. Penney, ya masitolo ambirimbiri ku America, kuti aziikonzera masitayilo. Mu 1963 anayambitsa Ginger Group, zovala zosokedwa m'fakitale zotsika mtengo. Kampani ya Butterick inkagulitsanso mapepala odulira masitayilo awo, kotero kuti mtsikana wokhala ndi makina osokera kunyumba ankatha kudzisokera yekha. Anathetsanso vuto lina: masokosi aatali a amayi nthawi imeneyo ankamangidwa ndi timalamba pantchafu, ndipo pa siketi yaifupi timalambato tinkaonekera. Iwo anatchukitsa masokosi olumikizana ofika m'chiuno, a mitundu yowala. Popanda masokosi amenewa mini sikanapirira kuzizira kwa ku Britain.

Chaka cha 1966 chinali chachikulu pa moyo wawo. Anayamba kugulitsa zodzoladzola zokhala ndi chizindikiro chawo cha duwa, anatulutsa buku la mbiri yawo lotchedwa Quant by Quant, ndipo analandira ulemu wa OBE. Kunyumba yachifumu ya Buckingham Palace anapita atavala diresi lalifupi lomwelo.

Mini ifika ku Africa

Kudzera m'magazini, m'mafilimu ndi mwa ophunzira obwerera kuchokera kunja, mini inafika m'mizinda ya mu Africa pa nthawi imene maiko ambiri anali atangolandira ufulu wodzilamulira. Atsogoleri ndi makolo ambiri anaiona ngati chizindikiro cha chizungu chodzaononga mwambo. Ku Tanzania, mu 1968, gulu la achinyamata a chipani cha TANU linalengeza ntchito yotchedwa Operation Vijana yolimbana ndi zovala zotere. Ku Uganda a Idi Amin analetsa mini mu 1972. Kuno kwathu, mu ulamuliro wa Dr. H. Kamuzu Banda, lamulo la Decency in Dress Act la 1973 linaletsa amayi kuvala buluku kapena siketi yoonetsa mawondo pagulu. Ngakhale alendo ochokera kunja ankayenera kulitsata, ndipo ambiri ankachita kumanga chitenje. Abambo nawonso sankaloledwa kusunga tsitsi lalitali.

Nkhawa ya makolo athu sinali yopanda pake, pakuti mtundu umene wangomasuka kumene umafuna kudziwika ndi zakezake. Koma tikayang'ana bwino, mkangano sunali pa nsalu ayi. Unali pa funso loti ndani ali ndi mphamvu yonena chimene mtsikana avale. Ku London mphamvuyo inali itachoka kwa madona olemera ndi nyumba za fashoni za ku Paris n'kupita kwa mtsikana wolandira malipiro akeake. Kuno boma linaitenga mphamvuyo n'kuiika m'manja mwa apolisi ndi makhoti. Chodabwitsa n'chakuti pamene lamulo lathu linkapangidwa, ku London mini inali itayamba kale kuzilala, atsikana atatembenukira ku masiketi aatali ofika m'akakolo.

Lamuloli linachotsedwa pa nthawi ya kusintha kwa ndale, itachitika riferendamu ya mu Juni 1993. Koma kufafaniza lamulo m'buku n'kosavuta kusiyana ndi kulichotsa m'mitima. Mu Januwale 2012 anyamata ena m'misika ya ku Lilongwe ndi Blantyre anavula amayi ovala mabuluku ndi masiketi aafupi. Amayi anachita msonkhano waukulu ku Blantyre wodzudzula mchitidwewu, ndipo Mayi Joyce Banda, amene panthawiyo anali wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko, anali nawo.

Zaka zawo zomaliza

Kuyambira m'zaka za m'ma 1970 Mayi Quant anaika mtima kwambiri pa zodzoladzola ndi katundu wa m'nyumba monga nsalu zoyala pabedi. Amuna awo anamwalira mu 1990, ndipo mu 2000 mayiwa anatula pansi udindo m'kampani yawo itagulidwa ndi amalonda a ku Japan. Mu 2009 a positi ofesi ku Britain anaika mini pa sitampa, ndipo mu 2015 mayiwa anapatsidwa ulemu wa Dame. Mu 2019 nyumba yosungira zinthu zakale ya Victoria and Albert Museum inachita chionetsero cha ntchito zawo. Itapempha anthu kuti abwereke zovala, amayi ambirimbiri okalamba anatulutsa m'masutikesi madiresi amene anawasunga zaka 50. Mayi Quant anamwalira pa 13 Epulo 2023 kunyumba kwawo ku Surrey ali ndi zaka 93.

Ambirife tsopano ndife makolo, ndipo ena ana athu ayamba kale kutiuza ntchito zimene akufuna. Wina akadzati akufuna makina osokera m'malo mwa ofesi, tisathamangire kumuseka. Aphunzitsi awiri aja a ku Wales ankamufunira zabwino mwana wawo pomukaniza singano, koma singano yomweyo ndi imene inachititsa kuti lero tikumutchula m'phunziro la mbiri.