Kukwezedwa pa Ntchito kwa Aphunzitsi a Sukulu za Boma: Zimene Malamulo Amanena

Madandaulo ambiri a aphunzitsi pa nkhani ya kukwezedwa amachokera pa chinthu chimodzi: mphunzitsi amene wagwira ntchito zaka zambiri waona mnzake amene adamulandira yekha pasukulu atakwezedwa, iye n'kutsala pa giredi yomweyo. Kuwawidwa mtima kwake n'komveka. Komabe malamulo a dziko lino salonjeza kuti amene adayamba ntchito kale ndiye ayambe kukwezedwa.

Lamulo la Public Service Act la mchaka cha 1994 limanena kuti kulembedwa ndi kukwezedwa pa ntchito za boma kuziyendera luso, nzeru ndi kuthekera kwa munthu, pambuyo pa mpikisano wachilungamo ndi wapoyera. Choncho zaka zimene mphunzitsi watha pa giredi yake zimamutsegulira khomo lofunsira udindo umene walengezedwa, ngati zakwana pa mlingo umene chilengezocho chatchula. Zikatero, chotsala ndi kupikisana ndi anzake. Ku pulayimale magiredi amayambira pa L, amene ambiri adazolowera kumutcha PT4, kukwera ku K, J ndi I. Palibe amene amachoka pa giredi ina kupita pa ina chifukwa chakuti zaka zangokwana. Pamayenera kukhala malo opanda munthu amene boma lawavomereza ndi kuwaikira ndalama. Ntchito yosankha ili m'manja mwa bungwe la Teaching Service Commission, ndipo chiyambire pamene sukulu za pulayimale zidaperekedwa ku makhonsolo, bungwe la Local Government Service Commission nalo lili ndi gawo pa aphunzitsi a kumeneko. Mphunzitsi wamkulu kapena mlangizi wa ku zoni alibe mphamvu yokweza munthu.

Chimene malamulo amateteza mwamphamvu ndi kayendetsedwe ka zinthu. Gawo 31 la malamulo aakulu a dziko limapatsa aliyense ufulu wochitiridwa chilungamo pa ntchito. Gawo 43 limanena kuti chigamulo cha ofesi ya boma chikhale chotsata malamulo, chodutsa m'njira yachilungamo, ndiponso kuti munthu amene chamukhudza apatsidwe zifukwa zake polemba. Apa ndi pamene pagona dandaulo lenileni. Mphunzitsi amene adakwaniritsa zonse zimene chilengezo chidafuna koma sadaitanidwe ku mayeso, kapena amene adalandira kalata yomukweza kenaka n'kulandidwa udindowo osamvedwa mbali yake, ali ndi poyambira polimba kuposa amene akungowerengera zaka. Lamulo la Employment Act la mchaka cha 2000, limene limakhudzanso ogwira ntchito m'boma, limaletsa tsankho lotengera mtundu, chipembedzo, chilankhulo, maganizo a ndale, ulumali kapena kuti munthu ndi mwamuna kapena mkazi. Amene ali ndi umboni woti adasiyidwa pa zifukwa zoterezi asazengereze kudandaula.

Pali zinthu ziwiri zimene zimasokoneza anthu kawirikawiri. Choyamba ndi kugwirizira udindo. Mphunzitsi atha kuyendetsa sukulu ngati mphunzitsi wamkulu kwa nthawi yaitali koma giredi yake osasintha, chifukwa kupatsidwa ntchito ya udindo ndi kukwezedwa ndi zinthu zosiyana. Chimene chimasintha giredi ndi kalata yochokera ku bungwe losankha. Chachiwiri ndi malo. Kukwezedwa kumatsata kumene kuli mpata, ndipo mpatawo utha kukhala pasukulu ya kutali ndi tauni. Amene ali ndi chifukwa chomveka cholepherera kusamuka, monga matenda, alembe kalata msanga m'malo mongokhala chete, pakuti kusapezeka pamalo atsopano kutha kuika udindowo pachiswe.

Dandaulo liyambe ndi kalata yopita ku bungwe limene lidapanga chigamulo, kudzera kwa mphunzitsi wamkulu ndi ofesi ya maphunziro ya m'boma limene mphunzitsiyo akugwira ntchito. Kalatayo itchule udindo, tsiku la chilengezo ndi chimene wodandaula akuona kuti chidalakwika, ndipo ipemphe zifukwa zolembedwa. Bungwe la Teachers Union of Malawi limathandiza mamembala ake pa nkhani zotere. Zikakanika pamenepa, nkhani itha kupita kwa mkulu wa zantchito wa m'bomalo, ndipo kuchoka apo ku khoti la Industrial Relations Court, limene lidakhazikitsidwa kuti liziweruza mikangano ya pantchito. Wosakhutira ndi chigamulo cha khotili pa mfundo za malamulo ali ndi masiku 30 okachitira apilo ku High Court. Ofesi ya Ombudsman nayo imafufuza madandaulo a anthu amene sadachitiridwe chilungamo ndi maofesi a boma, ndipo siilipiritsa.

Amene akufuna kuti High Court iunike chigamulo cha bungwe losankha akumbukire kuti pempho lotere liyenera kuperekedwa mwachangu, miyezi itatu isanathe. Kudikira yankho la pakamwa kumadya nthawi imeneyi. N'chifukwa chake mphunzitsi aliyense asunge pamalo abwino kalata yomulemba ntchito, kalata yomukhazikitsa pa ntchito, makalata omusamutsa, mapepala a malipiro ndi chilengezo cha udindo umene adafunsira, pakuti mkangano wa amene adayamba kale umathetsedwa ndi masiku olembedwa pa makalata amenewa.