Mahatchi a ku Prussia ndi masamu a Poisson

Aphunzitsi anzanga ndi inu nonse amene munadutsa m'manja mwanga, lero ndikufuna tikambirane mbiri ya masamu owerengera zinthu zogwa mwadzidzidzi, monga ngozi. Funso lake ndi ili: ngati tikudziwa avereji, mwayi woti chinthucho chichitike kamodzi, kawiri kapena osachitika konse ndi wotani?

Njirayi inatenga dzina la Siméon Denis Poisson wa ku France, amene anailemba m'chaka cha 1837 m'buku lake la zigamulo za m'makhoti. Inadzatchuka mu 1898 pamene Ladislaus von Bortkiewicz anaiyesa pa asilikali a ku Prussia amene anafa atamenyedwa mateche ndi mahatchi. Pa magulu 10 a asilikali, m'zaka 20 kuyambira 1875 mpaka 1894, panafa anthu 122. Gulu lililonse tikaliwerenga chaka ndi chaka tipeza zigawo 200, choncho avereji ndi 0.61.

Tsopano tengani kakyuleta. Mwayi woti pachigawo pasafe munthu ndi e^(-0.61), pafupifupi 0.543. Kuchulukitsa ndi 200 tipeza zigawo 108.7. Za imfa imodzi, chulukitsani yankholi ndi 0.61, mupeza 66.3. Za imfa ziwiri, chulukitsaninso ndi 0.61 n'kugawa ndi 2, mupeza 20.2. Nanga m'kaundula wa asilikaliwo munali zotani? Munali 109, 65 ndi 22. Hatchi sidziwa masamu, koma onani kuyandikanako!

Mu 1946, R. D. Clarke, katswiri wa masamu a inshuwalansi ku Britain, anachitanso chimodzimodzi ndi mabomba a V-1 amene Germany inaponya ku London pa nkhondo yachiwiri yapadziko lonse. Anthu ankati mabombawo ankagwa mowunjikana m'madera ena. Clarke anagawa kummwera kwa mzindawo m'timagawo 576, momwe munagwa mabomba 537. Masamu anati timagawo pafupifupi 227 sitikhudzidwa. Zoona zake tinali 229. Kuwunjikanako sikunapose kumene mwayi wokha umabweretsa.

N'chifukwa chake ndimati mutuwu si wa mayeso okha. Njirayi imagwira ntchito pamene chochitika chimodzi sichiyambitsa chinzake ndiponso avereji siikusintha. Zikatero, tsoka limatha kugwa katatu pamalo amodzi popanda dzanja la munthu. Ana athu tiwaphunzitse kuyamba awerenga asanaloze wina chala.