Timizere ta m'Kuunika kwa Nyenyezi

M'caka ca 1814 Joseph Fraunhofer, mmisiri wa magalasi wa ku Germany, anapyoletsa kuunika kwa dzuwa m'galasi la mbali zitatu. Kuunikako kunamwazika ngati uta wa Leza, koma pakati pa maanga ace panaoneka timizere takuda toposa 500. Tanthauzo lace linadziwika mu 1859, pamene Kirchhoff ndi Bunsen a ku Heidelberg anasonyeza kuti citsulo ciri conse ndi mpweya uli wonse ziri ndi mizere yaceyace.

Funso lina linatsala: nanga bwanji mizere ina iri yopyapyala, ina yotambalala? Michelson analongosola zifukwa zace mu 1895, ndipo Lorentz wa ku Holland anaziwerengera ndi masamu mu 1906. Mpweya ndiwo khamu la tinthu tosaoneka ndi maso, tochedwa maatomu ndi mamolekyulu, tothamanga kosaleka. Kanthu kotere potulutsa kuunika kafanana ndi belu lolira. Belu likalekedwa lokha lilira mau amodzi omveka bwino; koma munthu akamalikhudza kawirikawiri, mauwo adukaduka nasokonezeka. Momwemonso tinthu timeneti tikapanikizana, tigundana kawirikawiri, kuunika kwace kudulidwa kusanathe, ndipo mzere umene ukadakhala woonda ngati ulusi utambalala.

Nzeru imeneyi inadzamasulira cimene mai wina anaona anzace osacisamala. Mu 1897 Antonia Maury wa ku Harvard, ku America, atapenyetsetsa zithunzi zambiri, anapatula nyenyezi za mizere yopyapyala koposa nazipatsa cizindikiro "c". Mkulu wace, Pickering, anayesa kuti kagawidwe kotere nkovutitsa anthu cabe, ndipo m'mabuku otsatira anakasiya. Apa mkuluyo analakwa ndithu. Mu 1905 Ejnar Hertzsprung wa ku Denmark anapeza kuti nyenyezi za Maury ziri kutali kwambiri, ndi kuti ziwala kopambana dzuwa kutalitali. Ndizo zimphona za nyenyezi. Mpweya wa pamwamba pao ngwomwazikana, tinthu tace sitigundana kwambiri, cifukwa cace mizere yao ikhala yoonda. Pa nyenyezi zazing'ono, monga dzuwa, mpweya ngwothinana.

Kugundana sikutambalitsa mzere masiku onse ai. Mu 1953 Robert Dicke anasonyeza kuti nthawi zina kucepetsa kutambalala kumene kudza ndi liwiro la tinthuto, popeza kanthu kogundidwa uku ndi uku sikafika patali.