Mayi amene anayamba ndi kusewera n'kudzagwira kamera

Kuno kumapiri a Dowa ndi Ntchisi zoonetsa pabwalo zinayamba kalekale, wayilesi isanafike. Ng'oma ikalira, gule n'kutuluka, mudzi wonse unkakhamukira komweko. Koma dambwe ndi la amuna. Ngakhale Maliya, amene amatuluka atatchena ngati mayi, sachokera pakati pa amayi. Iwo mbali yawo inali kuimba ndi kuwomba m'manja m'mphepete mwa bwalo. Kumene mayi ankalamula zonse kunali kuchinamwali, pamene namkungwi ankasanja nyimbo, magule ndi malangizo monga mwa nzeru zake, koma zimenezo zinkathera kutsimba.

Zisudzo za pansanja zinakulira kusukulu. Mu 1969 bungwe la aphunzitsi a Chingerezi la ATEM linayambitsa mpikisano wa masewero m'sukulu za sekondale, ndipo atsikana anayamba kupatsidwa mbali zoti asewere. Inali nthawi ya Kamuzu, pamene sewero linkayenera kuvomerezedwa ndi Censorship Board lisanaonetsedwe. Mumpikisano umenewu ndi mmene munatuluka Du Chisiza Jr, amene mu 1987 anakhazikitsa Wakhumbata Ensemble Theatre, gulu loyamba m'dziko muno kutenga zisudzo ngati ntchito yodyerapo.

M'gulu limenelo munali mayi Gertrude Kamkwatira. Du atamwalira mu 1999, iwowa ndiwo anatenga utsogoleri wa Wakhumbata, kenaka anayambitsa gulu lawolawo la Wanna-Do. Sanakhutire ndi kuloweza mawu olembedwa ndi ena. Analemba masewero awo, monga It's My Fault ndi Jesus' Retrial, ankawatsogolera okha, ndipo anakhalaponso pulezidenti wa National Theatre Association of Malawi. Anatisiya mu 2006. Kwa ine, mbiri ya amayi olemba mafilimu ku Malawi iyenera kuyambira pa iwowa, ngakhale kuti ntchito yawo yaikulu inali ya pansanja.

Chaka chomwe Du anamwaliracho ndi chimenenso dziko lino linatsegula wayilesi yake ya kanema, TVM. Posakhalitsa mafilimu a ku Nigeria anadzaza m'tinyumba toonetsera vidiyo pa Mponela, pa Madisi ndi paboma la Ntchisi, ndipo ana ankadziwa nkhope ya Patience Ozokwor kuposa ya wosewera aliyense wa kwathu.

Mayi Joyce Mhango-Chavula anadzera njira ya ATEM yomweyo ali kusekondale. Anasewera m'magulu angapo, kuphatikizapo Wanna-Do ya mayi Kamkwatira, uku akugwira ntchito yotsatsa malonda ku Nation Publications. Mu 2009 anasiya ntchito ya malipiro a pamwezi n'kuyambitsa Rising Choreos Theatre Company. Amene akudziwa mmene ndalama za pakhomo la holo zimavutira aona okha kulimba mtima kwake. Mu 2011 anaitanitsa Ozokwor yemwe uja kudzasewera pamodzi ndi Amalawi m'sewero la The Return.

Pa nthawiyi wopanga mafilimu Shemu Joyah anali atatulutsa kale filimu ya Seasons of a Life, ndipo mu 2012 anatulutsa The Last Fishing Boat, mmene mayi Mhango-Chavula anaseweramo. Chaka chotsatira mayiwa anatulutsa filimu yawoyawo, No More Tears, yojambulidwa ku Lilongwe ndi kunyanja ku Salima. Nkhani yake ndi ya mtsikana amene mayi ake anamwalira ndi Edzi, n'kutsala akudwazika bambo ake. Bambowo atatsamira mkono, abale awo anabwera kudzalanda chuma chonse chamasiye. Palibe mudzi kuno umene sunamvepo mlandu wotere, koma kawirikawiri amaukamba ndi amuna pabwalo la amfumu. Apa anaukamba ndi mayi, moimira mwana wolandidwayo.

Mu 2015 kunabwera Lilongwe, filimu imene analemba, kutsogolera ndi kuseweramo. M'mwezi wa Marichi 2016 ku Lagos, filimuyi inapata mphoto ya filimu yopambana kum'mwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards. Pambuyo pake anatulutsa Nyasaland. Flora Suya, amene anatchuka m'mafilimu a Joyah, nayenso anadzera momwemo n'kutulutsa yake, My Mother's Story.

Kuti mafilimu amenewa afike kumapiri kuno ndi nkhani ina. Nyumba yeniyeni ya kanema kulibe, ndipo anthu ambiri amaonera filimu pafoni, atabenetsa pamemore kadi kwa anyamata a makompyuta pamsika. Ndalama imene amalipira pamenepo imatsala m'thumba la wobenayo, siifika kwa amene analemba.