African Rally Championship

African Rally Championship ndi mpikisano wa galimoto zaliwiro womwe umachitika chaka chilichonse m'maiko angapo a mu Africa motsatira malamulo a bungwe la FIA, loyang'anira masewera a galimoto padziko lonse.

Unayamba mu 1981, ndipo katswiri woyamba anali Shekhar Mehta wa ku Kenya. Pa chaka pamakhala mipikisano ingapo, uliwonse m'dziko lakelake, ndipo mapointi amaphatikizidwa mpaka kumapeto kwa chaka. Galimoto sizinyamukira pamodzi: zimachoka imodziimodzi m'misewu yotsekedwa, kawirikawiri yafumbi, ndipo wopambana ndi amene watenga nthawi yochepa m'zigawo zonse. M'galimoto mumakhala anthu awiri, dalaivala ndi mnzake womuwerengera za makona ndi malo oopsa akutsogolo.

Gawo la ku Zimbabwe linkatchedwa Zimbabwe Challenge. Conrad Rautenbach wa m'dzikolo anatenga ukatswiri wa Africa mu 2007 ndi 2011. Mu 2008 ndi 2009 ankayendetsa Citroën C4 mu World Rally Championship, ndipo anakhala wachinayi ku Argentina mu 2008. Jamie Whyte, wa ku Zimbabwe komweko, anatenga ukatswiri wa Africa mu 2009 ndi 2010 pa Subaru Impreza. Mwa madalaivala a ku Zambia, Satwant Singh anatenga ukatswiriwu kasanu ndi katatu, Muna Singh kawiri.